Amalume Ankadziwa Kugwa

Wezulo ija ndikadali nayo. Ndi yamkuwa, yophwanyika pang'ono poikira milomo, ndipo kampira ka m'kati mwake kanauma kalekale moti ukailiza imangotulutsa mpweya ngati munthu wa chifuwa. Ana anga anaipeza tsiku lina m'kabati n'kuyamba kulimbirana. Ndinawakalipira mopyola muyeso mpaka wamng'ono analira. Sindinawauze chifukwa chake.

Ndinali ndi zaka zisanu ndi zitatu. Tinkakhala ku Embakasi, mumzinda wa Nairobi, m'nyumba za mzere zofanana zokhazokha, kumene ndege zinkadutsa pafupi kwambiri moti makapu ankagundana okha m'kabati. Bambo ankagwira ntchito ku Gigiri. Ankachoka m'mamawa atavala tayi n'kubwera madzulo atatopa ndi Chingelezi. Inali miyezi yozizira ija ya Juni ndi Julaye, pamene dzuwa la Nairobi limabisala sabata yathunthu ndipo zovala zimagona pachingwe masiku awiri osauma.

Amalume anawatola ndi bambo. Mbaula yathu yapalafini inayamba kuvuta, bambo n'kupita nayo ku Eastleigh, kumene anthu ankati chilichonse chowonongeka chimakonzeka. Pakhonde la sitolo ina anapeza nkhalamba yayitali, yowonda, ikukonza mbaula. Analankhulana Chiswahili bwinobwino mpaka nkhalambayo inapsa chala n'kukuwa kuti, "Mayo ine!" Bambo anaifunsa kwawo. Inatchula Ntcheu. Anaifunsa mudzi. Inatchula mudzi wa amayi anga.

Loweruka lotsatira anabwera nayo kunyumba. Amayi anatsegula chitseko, anayang'ana, n'kutsamira khoma. Nkhope imene inaima pakhomopo inali ya amayi awo, agogo anga, kungoti inali itavala chipewa.

"Inu munafa," anatero amayi. Moni sanapereke.

"Eya, mwana wa mlongo wanga," inayankha nkhalambayo ikuvula chipewa. "Ndinafa kambirimbiri."

Anali amalume a amayi, mlongo wawo wa agogo. Kwa ine anayenera kukhala agogo, koma ndinangotengera pakamwa pa amayi, ndipo mpaka lero ndimati amalume.

Nkhani yawo ndinaitola pang'onopang'ono, ina pakamwa pawo, ina nditabisala kuseri kwa chitseko. Anachoka kumudzi ali mnyamata, akuphikira mzungu wina amene anasamukira ku Kenya. Mzunguyo atabwerera kwawo, amalume anatsalira. Masiku amenewo kunkabwera azungu ojambula kanema, ndi mahema, mabokosi ndi makamera akuluakulu amiyendo itatu, kufuna anthu oti azisenza katundu m'tchire pamaso pa kamera. Amalume analembedwa ntchito ya umtengatenga. Tsiku lina panafunika munthu woti alasidwe ndi mkondo n'kugwa. Aliyense amene anayesa ankagwa modziteteza, manja patsogolo, ena n'kumaseka ali pansi. Amalume anagwa kamodzi, msasa wonse unangoti zii. Kuyambira tsiku limenelo ntchito yawo inali kufa.

Anagwidwa ndi ng'ona yamtengo. Anaponderezedwa ndi mkango wokalamba umene unkanunkha m'kamwa. Anagwa paulalo wazingwe. Analasidwa ndi anthu amene madzulo ake ankadya nawo mbale imodzi. "Ntchito yanga inali kuonetsa kuti njira ili ndi zoopsa," ankatero. "Ndikafa ine, ndiye kuti nkhani yayamba." Dzina lawo silinalembedwe pa kanema ndi imodzi yomwe. Kamodzi kokha anapatsidwa choti anene, liwu limodzi lokha, "Bwana!", ndipo ankalinena liwu limeneli patebulo pathu dzanja lili m'mwamba, monyada, ngati analoweza buku lathunthu. Makanemawo ambiri sanawaonere n'komwe, chifukwa nyumba zoonetsera zinali za anthu ena.

Koma kanema imodzi inakafika kumene mwiniwake sanafike. Amayi ali kamtsikana, galimoto ya kanema inabwera pa boma n'kupachika nsalu yoyera pabwalo la mpira. Agogo anapita ndi ana awo kukaonera. Pakati pa filimuyo anaona mlongo wawo, amene anali atakhala zaka zambirimbiri osalemba kalata, atasenza bokosi pamutu. Anaimirira pakati pa anthu n'kumuitana dzina. Mkondo unabwera, iye anagwa, nkhope itapenya kwa iwo.

Musawaseke agogo anga. Ndinamvapo anthu ophunzira akuiseka nkhaniyi ndipo mtima unandiwawa mpaka ndinachoka patebulo. Aphunzitsi a pamudzi anawauza kuti ndi masewero chabe, ndipo iwo sanali opusa. Koma munthu amene wadikira zaka zonsezo amafuna poutula mtima. Anadikiranso chaka china, kalata osabwera. Ndiye anakhuza maliro opanda mtembo, anameta, nkhani inatha.

Uthenga wa maliro awo unawapeza amalume kudzera mwa msilikali wina wa kwathu. Akanatha kulemba mizere iwiri. Sanalembe. Ntchito za kanema zinali zitayamba kuchepa, achinyamata odziwa kuwerenga anali atalowa, ndipo iwo analibe chilichonse chooneka. "Ndikanapita ndi chiyani?" ankafunsa. "Ndi mabondo otupawa?" Anaona kuti kukhala wakufa n'kopepukirako kusiyana ndi kubwerera chimanjamanja. Lero ndimati anali amantha. Ndimatinso ndimawamvetsa, ndipo ziwirizi zimakhala mwa ine osakangana.

Amayi sanawakhululukire msanga. Tiyi ankawapatsa, koma kapu ankaiika patebulo mwaphokoso. Kwathu malume ndiye mwini mbumba, ndiye amalankhulira alongo ake ndi ana awo pa milandu, pa maliro ndi pa maukwati.

"Bambo anga atamwalira anatilankhulira ndani?" ndinawamva amayi tsiku lina kukhitchini. "Paukwati wanga unkhoswe anagwira munthu wobwereka, inu muli kuno kufera azungu."

Amalume ankangozunguza chipewa m'manja.

Komabe ndi amayi omwewo amene analemba kalata kumudzi. Yankho linabwera patapita masabata, lolembedwa ndi dzanja la mwana wasukulu, ndipo linali lalifupi ngati agogo eni ake. Anati wakufa samutumizira moni, ngati ali moyo abwere amuone ndi maso. Choncho zinagwirizanika kuti patchuthi cha bambo, mu Ogasiti, amalume akwera nafe ndege. Bambo anayamba kuyendayenda m'maofesi kufunira mapepala munthu amene analibe chikalata ndi chimodzi chomwe chonena kumene anabadwira. Loweruka lililonse amalume ankatsika matatu, timaminibasi ta kumeneko, ndipo asanakhale pansi ankafunsa kuti kwatsala masabata angati.

"Sindikufuna zambiri," anawauza amayi. "Ndikangoima pakhomo pake, andione nditaimirira. Nthawi yomaliza anandiona ndikugwa. Akafuna kundipirikitsa andipirikitse, koma ataona kaye."

Ine za mbumba sizinkandikhudza. Ndinali nditapeza munthu wamkulu wololera kugwa pansi ine ndikalamula. Kuseri kwa nyumba kunali kabwalo ka udzu, mpopi wamadzi ndi kamunda ka sukuma, ndiwo zamasamba za kumeneko. Kumeneko ndiye kunali msasa wathu.

"Bondo liyambe," ankandiphunzitsa. "Kenako chiuno, kenako phewa. Mutu umalize, *pole pole*, pang'onopang'ono, ndipo nkhope ipenye kwa oonera. Ukafa chafufumimba, adziwa ndani kuti wafa ndiwe?" Maso osatseka onse. Mpweya uzikokera kumimba, osati pachifuwa. Ndipo panali malamulo atatu amene ndinkawaimba ngati nyimbo ya kusukulu: wofa salankhula, wofa sakanda, wofa sadzuka mpaka wezulo ilire.

Wezuloyo inali ndi mbiri yake. Mzungu wotsogolera kanema ankailiza kuti akufa onse adzuke. Tsiku lina, akuti, kunagwa mkangano pakati pa azungu okhaokha, anakokana mpaka kumahema, n'kuiwala kuti pabwalo pagona munthu. Amalume anagwera pafupi ndi njira ya linthumbwi. Linawalowa m'kabudula, linawakwera pamsana, linafika m'khutu. Sanagwedezeke. Wezulo inali isanalire. Mzunguyo atakumbukira anawapeza atatupa thupi lonse, ndipo pochoka m'dzikomo anawasiyira wezuloyo. Amalume ankaifotokoza nkhaniyi ngati ya ulemerero. Ine lero ndikaiganiza ndimakwiya, koma sindidziwa bwino amene ndikumukwiyira.

Anaivula m'khosi mwawo n'kundiveka. "Abwana tsopano ndinu," anatero. "Ngati sindinagwe bwino, nenani kuti *tena*, ndiye kuti bwerezani. Osachita manyazi. Abwana sachita chisoni."

Ndipo sindinkachitadi chisoni. Munthu wa zaka zoposa makumi asanu ndi awiri, wa mabondo otupa, ankagwa paudzu wozizira kasanu, kakhumi, chifukwa kamwana kati *tena*. Ndikukumbukira fungo la palafini pajekete lawo long'ambika m'zigongono, udzu wonyowa womatirira m'ndevu zawo zoyera, ndi mmene ankadzukira wezulo ikalira, akusasa fumbi, akufunsa ngati abwana akhutira. Kugwa kwawo kunali kokongola, sindidziwa mawu ena. Ngakhale unkadziwa kuti akuchita dala, unkaona ngati afadi.

Inenso ndinadziwa kugwa. Ndinakayesa kusukulu pamzere wa m'mawa, aphunzitsi n'kundinyamula kuthamanga nane ku ofesi akuitana dzina la Mulungu. Nditatsegula maso n'kuseka, zinanditsatira mpaka kunyumba.

"Masewera a imfa m'nyumba mwanga sindifuna!" anakalipa amayi. "Ndipo inu amalume, muthyoka musanafike kwanu."

Koma tsiku lina ndinawaona amayi ataima pawindo la kukhitchini akuonerera, dzanja lili pakamwa. Patapita zaka anandiuza kuti kugwa kwa amalume kunali komwe kuja anaona pabwalo la mpira ali mwana, osasintha ngakhale chala.

Kutatsala masabata awiri kuti tinyamuke, mapepala anatuluka. Loweruka limenelo bambo anapita kukawatenga kwa mnzawo amene anathandiza. Amayi anati akupita kumsika kukagula bulangete la agogo ndi jekete la amalume, kuti asakafike kwawo ngati munthu wothawa moto. Amalume anafika amayi ali pakhomo. Kunali kuzizira, koma iwo anali thukuta pamphumi. Anati matatu inadzaza, anaima njira yonse. Amayi anawasiyira tiyi, anandiuza kuti ndisawavutitse, n'kunyamuka.

Tinakhala kuseri. Wezulo inali kale m'khosi mwanga.

"Lero ndatopa, abwana," anatero.

"Kamodzi kokha."

Anamwetulira. Anaika kapu pansi, anaimirira, n'kuyenda cha kumpopi. Mpaka lero sindidziwa ngati ankakayamba sewero kapena ankangofuna madzi.

Sanagwe ngati mmene ankagwera. Miyendo inangopindika, anakhala pansi ngati thumba la chimanga likatsetsereka pangolo, kenako anapendekeka n'kulowetsa nkhope m'masamba a sukuma. Panalibe bondo, panalibe phewa. Chipewa chinali kunsi kwawo.

Ine ndinaseka.

"Aaa, amalume, zimenezo ndiye ziti? *Tena!*"

Sanadzuke.

"Nkhope kwa oonera! Mwaiwala?"

Anatembenuza mutu pang'ono. Dzanja linali litagwira malaya pachifuwa. Anandiyang'ana, milomo ikugwedezeka, ndipo panatuluka kaphokoso kosamveka. Ndinayandikira, ndinawaloza ndi chala monga ankachitira iwo.

"Wofa salankhula," ndinawakumbutsa.

Milomo inaleka.

Ndinawauza kuti sindiliza wezulo mpaka agwe bwino, chifukwa kumeneku sikunali kugwa. Ndinapinda manja ngati abwana enieni. Ndege inadutsa pamwamba pathu, ndinaitsatira ndi maso mpaka inalowa m'mitambo. Ndinatola chipewa cha chidole changa chimene chinali paudzu. Ndinamwako tiyi wawo, anali ndi shuga wambiri. Sindidziwa kuti zinatenga nthawi yotani. Moyo wanga wonse ndakhala ndikuiyeza nthawi imeneyo, nthawi zina imafupika, nthawi zina imakhala tsiku lathunthu.

Kenako ntchentche inatera patsaya pawo, inayenda mpaka pakona ya diso. Sanakande. Maso anali otseguka pang'ono, chifuwa chili phee. Ndinagoma nawo.

"Apo ndiye mwakhoza," ndinatero, n'kuliza wezulo.

Ndinalizanso. Ndinaliza kachitatu nditagwada pafupi ndi khutu lawo. Ndinaliza mosalekeza mpaka mayi wa nyumba yoyandikana nafe anasuzumira pampanda kudzandikalipira kuti ndikumudzutsira mwana. Ataona, anakuwa. Zotsatira ndimazikumbukira zidutswazidutswa: amuna awiri achilendo akuwanyamula, nsapato imodzi itatsala pampopi, chitseko cha takisi chikukanika kutsekeka chifukwa cha miyendo yawo yaitali. Amayi anafika galimotoyo itapita kale, jekete lili m'pepala la kusitolo.

Adokotala anawauza amayi kuti unali mtima, ndipo ngakhale akanafika nawo msanga sizikanasintha kanthu. Amayi anandibwerezera mawu amenewa zaka zambiri, nthawi zina ine osafunsa n'komwe. Sindidziwa ngati adokotala ananenadi choncho. Sindinalimbepo mtima kufunsa bambo.

Tinawaika ku Nairobi komweko. Kunabwera Amalawi a kutchalitchi kwathu ndi amuna awiri okonza mbaula a ku Eastleigh, amene anadabwa kumva kuti mnzawo anakhalapo m'kanema. Zaka zonsezo sanawauzepo. Amayi analira ngati mwana, akunena kuti anali asanamalize kuwakalipira. Ine sindinalire. Ndinali ndi wezulo m'thumba la deresi, ndipo mumtima mwanga nkhaniyo inali isanathe bwinobwino. Munthu amene anapirira linthumbwi akanalephera kupirira bokosi?

Mu Ogasiti tinakwera ndege. Mpando wa pambali panga unali wopanda munthu, ndipo amayi anaikapo pepala lija la jekete.

Agogo tinawapeza pakhonde masana, akuswa mtedza m'lichero. Anali mayi wamtali, wosalankhulalankhula, ndipo nditaona nkhope yawo ndinabisala kumbuyo kwa bambo. Kalata ya maliro inali itafika kale. Amayi anagwada, anafotokoza zonse mwadongosolo, anapereka bulangete, kenako jekete. Agogo analigwira jeketelo, anaona mapewa ake, analipinda n'kuliika pambali.

"Ndinamulira kale," anatero. "Ndinameta. Mukufuna ndimetenso kawiri munthu mmodzi?"

Anapitiriza kuswa mtedza. Achibale amene anasonkhana anayang'ana pansi. Palibe amene ankadziwa choti achite, kulira kapena kufunsa za ulendo. Amayi anayesa kunena kuti amalume ankawerenga masabata, kuti ankafuna kudzaima pakhomo pomwepo. Agogo anati pakhomopo panalipo zaka zonsezi.

Patapita kanthawi anandiyang'ana ine.

"Iwe akuti ndiwe unkacheza naye. Anali munthu wotani?"

Funso limeneli linandikulira. Sindinadziwe kuti munthu amamufotokoza bwanji. Koma panali chinthu chimodzi chimene ndinali nacho cha iwo, ndipo ndinkachidziwa bwino kuposa wina aliyense. Ndinatsika pakhonde, ndinaima pabwalo, ndinasenza bokosi losaoneka pamutu. Amayi anati, "Iwe!" koma anachedwa. Ndinayenda mapazi atatu, ndinakweza dzanja, ndinakuwa kuti, "Bwana!" Bondo, chiuno, phewa. Mutu unamaliza pang'onopang'ono, nkhope itapenya kwa agogo.

Ndinamva lichero likugwa, mtedza ukumwazika pasimenti. Kenako ndinamva mawu amene ndinali ndisanamvepo kwa munthu wamkulu. Agogo ankaitana dzina, dzina laubwana la amalume limene ife sitinkalidziwa, mobwerezabwereza, ngati akuitana mwana amene wapita patali kukasewera. Amayi ena anayamba kulira nawo. Kulirako kunafalikira nyumba ndi nyumba, ndipo maliro amene agogo anawakana anayambira pamenepo.

Ine ndinali chigonere pafumbi, maso otseguka pang'ono, mpweya ndikukokera kumimba. Kamwala kankandibaya pachiuno koma sindinagwedezeke. Mumtima ndinali nditasangalala kwambiri. Ndinkaganiza kuti mudzi wonse ukulira chifukwa ndagwa bwino, ndipo ndinkalakalaka amalume akanaona. Ndinadikira kuti wina alize wezulo kuti ndidzuke, osakumbukira kuti ili m'thumba mwanga momwe.